Mutu 5: Wachibale wa ku Halale

1. Jekete yoyera pa msika

Ndinafika ku Joni ndi zinthu ziwiri m'chikwama: satifiketi ya Fomu 4, ndi kope la nkhani zachikondi zimene ndinkalemba kwathu ku Ntaja. M'basi ndinalumbira kuti pomatha chaka dzina loti Shamima lidzaoneka pa kanema. Chaka chinatha ndikukazinga tchipisi pa msika wa Yeoville, tsitsi likununkha mafuta.

Ndinkakhala ndi azakhali anga, a Mwanahalima, m'chipinda chimodzi cha lendi pa fulati yakale kuseri kwa msika. Amuna awo, Che Maliki, anali atamwalira masabata asanu m'mbuyomo. Anagwa kuchokera pa nsanjika yachinayi ya nyumba imene ankapenta ku Doornfontein. Chiikireni maliro, azakhali anali mu eda monga mwa Chisilamu: miyezi inayi ndi masiku khumi osatuluka panja, osadzola zonunkhira, osacheza ndi mwamuna wachilendo. Ankangokhala pamkeka, mikanda yopempherera ya tasibihi m'manja, maso pakhoma.

Ine khomalo linkanditopetsa. Ndinali ndi zaka khumi ndi zisanu ndi zinayi, ndipo ndinkaona ngati moyo ukudutsa pamsewu ine nditagwira chipande.

Lachiwiri lina masana panaima mwamuna wa jekete yoyera. Jekete yoyera pa msika wa Yeoville! Ankanunkhira ngati sitolo ya anthu olemera ya ku Sandton.

"Sisi, tchipisi, tsabola wambiri," anatero m'Chingerezi. Mafuta atandithovokera padzanja ndinakuwa kuti "Mayo!" Iye anaseka. "Kani ndiwe wa kwathu?"

Chichewa chake chinali chachikale, chokoka pang'ono ngati cha anthu a ku Zimbabwe.

"Kwanu ndi kuti, achimwene?"

"Agogo anga anachoka ku Nyasalande wapansi kukagwira ntchito m'migodi ya ku Halale. Ine ndinabadwira m'komboni ya mgodi. Ndine Macdonald Milanzi."

Anandipatsa khadi. Pansi pa dzina panali mawu oti Purodyusa, koma anali atawakhwatcha ndi cholembera n'kulemba pamwamba kuti Dairekita.

"Makhadi atsopano sanatuluke," anatero. "Ukudziwa kusiyana kwake?"

Ndinapukusa mutu. Tchipisi chinkapserera, ine osachiona.

"Purodyusa ndi amene amasaka anthu. Amawanyengerera, amamwa tiyi wawo wozizira, mpaka avomere kukhala kutsogolo kwa kamera. Dairekita ndi amene amati kamera iime apa, iwe yankhula, iwe khala chete. Ine ndinayamba ndili ndi zaka makumi awiri, kukulunga mawaya ndi kugulira mabwana ndudu. Kenako ndinakhala purodyusa zaka khumi ndi chimodzi. Madairekita atatu alandira mphoto ndi anthu amene ndinawapeza ine. Iwo pa nsanja, ine kumbuyo kwa holo kuomba m'manja. Chaka chino andipatsa filimu yangayanga. Imodzi yokha. Ikakanika, ndibwerera kumawaya."

"Filimu ya chiyani?"

"Ya akazi amasiye a anthu obwera. Ndamva kuti Mmalawi wina anagwa pa nyumba ku Doornfontein, ndipo mkazi wake amakhala cha konkuno."

"Ndi azakhali anga!" Mawuwo anatuluka ndisanawaganize.

Anasiya kutafuna. Anandiyang'ana monga mmene anyamata a m'kope langa amayang'anira atsikana, ngati pa msika ponse panalibe munthu wina.

"Dzina?"

"Shamima."

"Shamima, ine ndasiya mpando wa purodyusa uli wopanda munthu. Ukandilowetsa m'chipinda chimenecho, dzina lako lituluka pa sikilini, kumapeto kwa filimu, dziko lonse likuona."

"Sizingatheke. Ali mu eda. Mwamuna wachilendo salowa."

"Purodyusa sanena kuti chitseko n'chotseka," anatero akupukuta zala. "Amafunsa kuti chimatsegukira ndani. Ukapeza yankho, nambala ili pakhadipo."

Yankho ndinalipeza asanafike n'komwe pa galimoto yake. Che Maliki nawonso mfunda wawo unali Milanzi. Ndipo kawirikawiri ankatiuza za Che Bwanali, mchimwene wa agogo awo, amene anapita ku Halale kalekale n'kutchona, osalemba ngakhale kalata imodzi.

2. Mawu a Che Sidi

Pakhomo lolowera pa fulati yathu pamakhala Che Sidi ndi makina awo osokera. Ndi bambo wa ku Mangochi, wa ndevu zoyera, ndipo ndi iwo anayendetsa maliro a Che Maliki. Tsikulo ndikudutsa, anaimitsa makina.

"Abiti, tabwera. Wa jekete yoyera uja amafunanji?"

"Tchipisi basi, Che Sidi."

"Tchipisi cha ola lathunthu? Khala apa."

Ndinakhala pa kabenchi, miyendo ikufuna kuthamanga.

"Munthu ameneyu ndimamudziwa kuposa mmene ndimadziwira singano iyi," anayamba. "Zaka zisanu ndi zinayi zapitazo ndinali ndi malo osokera ku Doornfontein. Tinalipo amuna khumi ndi awiri, tonse a kwathu, kusoka makatani ndi mayunifomu. Anabwera mnyamata ameneyu, nthawi imeneyo jekete analibe. Masabata atatu ankabwera tsiku lililonse. Ankandiitana kuti ababa. Ankadya nafe mbale imodzi. Mwana wanga atadwala, anamunyamula pa galimoto yake kupita naye kuchipatala. Kenako anati, ababa, dziko lidziwe mmene mumavutikira. Ndinafunsa za nkhope zathu, poti ambiri mapepala analibe. Anagwira pachifuwa n'kunena kuti nkhope zonse aziphimba, dzina la msewu silimveka.

"Pulogalamu inatuluka Lamulungu. Nkhope zonse poyera. Ngakhale nambala ya pachitseko. Lachitatu kunabwera magalimoto a apolisi. Amuna asanu ndi anayi anawabweza kumudzi ndi zovala zimene anavala. Mmodzi anasiya mkazi ali ndi pakati. Makina onse anapita, kutsala awa okha amene anali kokonzetsa.

"Ndinamufunafuna mpaka ndinamupeza. Analira, Abiti, misozi yeniyeni. Anati, ababa, si ine, ndi dairekita. Ine ndinalonjeza koma wosankha ndi dairekita. Ndinamukhulupirira, mwina n'zoona. Koma tsopano ndamva kuti dairekita ndi iye. Ndiye dzifunse: wolonjeza akhala ndani? Munthu amene wakhala zaka khumi akunyamula manyazi a anzake, tsiku limene wakwera amafuna wina womusenzetsa. Safuna wanzeru ayi. Amafuna wofulumira.

"Azakhali ako ali ndi zinthu m'kamwa zimene siziyenera kutuluka m'chipinda chija. Iwe ukuzidziwa. Eda si ndende, mwana wanga. Ndi mpanda woteteza munthu pa nthawi imene sangathe kudziteteza yekha. Usaboole mpandawo. Ngati ukufuna za kanema, ku Braamfontein kuli sukulu, ndikuperekeza ndekha. Zitenga zaka, koma udzagona tulo."

"Zaka zingati?" ndinafunsa.

"Zitatu, mwina zinayi."

Zinayi! Ndinathokoza mwaulemu, ndinakwera masitepe, ndipo ndisanafike pa nsanjika yathu ndinali nditaimba kale nambala ija.

3. Bodza

"Azakhali, kwapezeka wachibale wa amalume."

Anatembenuka pang'onopang'ono. "Wa kuti?"

"Wa ku Halale. Mdzukulu wa Che Bwanali. Wamva za maliro, akufuna adzapepese."

Tasibihi inagwa pamkeka. "Che Bwanali anasiya mbewu? Allahu akbar! Amalume ako anafa akufunsa za anthu amenewa." Kenako nkhope inagwa. "Koma ndili mu eda."

"Ndi magazi awo, azakhali. Wachoka kutali. Timubweze pakhomo?"

Ndinkadziwa pamene ndikukanda. Kwathu wachibale wobwera kudzapepesa maliro sabwezedwa. Amamukhazika pansi, ndipo wamasiye amamufotokozera mmene imfa inayendera, kuyambira pachiyambi mpaka kumanda, osabisa kanthu, kuti naye akafotokoze kwawo.

"Abwere," anatero. "Tipachika nsalu pakati. Akhale mbali inayo."

"Akuti abwera ndi kamera, kuti akaonetse mlongo wa Che Bwanali amene anawalondola ku Halale. Ndi nkhalamba, sangayende."

"Nkhalambayo ikadali moyo? Abwere nayo."

Lachitatu ndinakumana ndi Macdonald m'galimoto yake. Ndinamuphunzitsa zonse. Kuvula nsapato pakhomo. Kupereka salamu. Mawu a Chiarabu onena pa maliro. Mayina a midzi ya kwa Che Maliki, ndi chilema cha chala cha Che Bwanali chimene amalume ankatchula. Ankalemba m'foni akugwedeza mutu.

"Iwe unabadwa purodyusa," anatero.

"Koma nkhope yawo mudzaiphimba? Ndi mayina onse?"

"Zimenezo timaziona pokonza filimu, osadandaula." Anatulutsa pepala la Chingerezi. "Apa adzalembe dzina lawo. Apa usaine iwe, kusonyeza kuti wawamasulira zonse."

Ndinasaina pomwepo, pa bondo, ndi cholembera chake cholemera. Ndinakongoletsa S wa dzina langa monga ndinkayeserera kumbuyo kwa kope.

4. Mmene imfa inayendera

Anabwera Lachinayi cha m'ma teni, Che Sidi atapita kukagula ulusi. Nthawiyo ndinasankha ndine. Jekete yoyera anaisiya, anavala malaya otuwa. Wojambula anali mkazi, dzina lake Unique, kuti pasakhale mwamuna wachiwiri m'chipindamo. Macdonald anali ataganiza zonse.

Anavula nsapato. Anapereka salamu. Anakhala pansi kuseri kwa nsalu, n'kunena mawu a Chiarabu aja osaphonya ngakhale limodzi.

"Amayi, pepani. Agogo Che Bwanali anafa akutchula kwawo. Chala chawo chopindika chija ankalozera nacho kumpoto, amvekere, abale anga ali uko."

Kuseri kwa nsalu azakhali anayamba kusisima. Analemba dzina lawo papepala lija osafunsa, poti ndinawauza kuti ndi la m'kaundula wa banja.

"Nkhalamba ija ikufuna ione nkhope ya mpongozi wake," anatero Macdonald mofatsa. "Ine nditembenukira kukhoma. Kamera ili ndi mkazi mnzanu."

Azakhali anandiyang'ana. Ndinachotsa nsaluyo ndi manja anga.

"Linali Lolemba," anayamba. "Anadzuka kuswali, atapemphera anamwa tiyi. Anati mawondo akuwawa. Ndinati musapite lero. Anaseka, amvekere bwana sadikira mawondo. Cha m'ma leveni foni inalira. Akuti thabwa limene anapondapo linathyoka. Ndinafika kuchipatala atawaphimba kale, penti ikadali m'zikhadabo.

"Tsono mwana wanga, pali china. Ichi sitiuza munthu, ndikuuza iwe chifukwa ndiwe magazi ake. Mapepala a achimwene akowa anatha kalekale. Kuntchito ankagwira ndi mapepala a Che Harun, mnzawo wa ku Mangochi, amene anawabwereka mwachifundo. Ndiye kuchipatala analemba kuti wafa ndi Harun. Pa kalata ya imfa ndi Harun. Che Harun ali moyo, amakhala pansipa pa nambala thwelofu ndi mkazi wawo Rukiya ndi ana atatu, koma m'mabuku a boma anafa. Mwamuna wanga wagona m'manda ndi dzina la mwini. Ukawauze kwanu, kuti pomupempherera azitchula dzina lake lenileni."

Ine ndinkalira. Macdonald anatembenuka pang'ono n'kufunsa Unique m'Chingerezi, motsitsa mawu, kuti kuwala kunali bwanji. Unique anati nkhope inali mumthunzi.

"Amayi, pepani kwambiri," anatero m'Chichewa. "Makina anazima. Sunthirani kuwindo kuno. Bwerezani kuyambira pamene foni inalira."

Azakhali anabwereza. Mawu ankanjenjemera, koma anafika kumapeto.

Pansi pamsewu minibasi inaimba hutala. Macdonald anatsinzina mokwiya.

"Kamodzi kokha, amayi. Nkhalamba ija siimva bwino. Ndipo musapukute misozi, isiyeni. Pa penti ya m'zikhadabo paja, kwezani manja anu chonchi."

"Achimwene, atopa," ndinanong'ona.

"Chete pa seti, tikujambula," anandiyankha osandiyang'ana.

Kachitatu azakhali sanamalize bwino. Pofika pa dzina la mwini mawu anaduka, anagwira pamimba n'kugwera chammbali pamkeka, akulira kulira kumene sindinakumve ngakhale tsiku la maliro. Ndinadzuka kuti ndiwagwire. Dzanja la Macdonald linandigwira pamkono mwamphamvu, n'kundikhazika pansi. Anawerenga ndi zala mpaka khumi, kamera ikuyenda.

"Dula," anauza Unique. "Ndi imeneyo."

Maso ake ankawala ngati a mwana amene wapatsidwa njinga.

Akuvala nsapato, azakhali anakwawira ku sutikesi n'kutulutsa kofiya yoyera, chisoti chimene Che Maliki ankavala popita kumzikiti. Anaipsompsona.

"Ukapereke kwa nkhalambayo. Ikhale nako kanthu ka mdzukulu wake."

Macdonald anailandira ndi manja awiri, atawerama.

5. Dzina pa sikilini

Lachisanu lonse sanayankhe foni. Loweruka m'mawa ndinasiya tchipisi n'kukwera minibasi ya ku Doornfontein. Ofesi yake inali m'fakitale yakale, pa nsanjika yachitatu. Pawindo pankaoneka nyumba ina yopentedwa theka, chikasu kumwamba, kutuwa kumunsi. Ndinaizindikira. Che Sidi anandilozerapo tsiku la maliro.

"Purodyusa wanga!" Macdonald anatambasula manja, jekete yoyera ili pathupi. "Wafika bwino. Taona ichi. Kachidutswa koitanira anthu, mphindi imodzi yokha. Mabwana aimirira m'mipando."

Anadina batani. Nyumba yachikasu ija. Kenako nkhope ya azakhali, yodzaza sikilini yonse, misozi ikuwala ndi dzuwa la pawindo lathu. Pansi mawu a Chingerezi omasulira. Mapepala a Che Harun. Nambala thwelofu. Dzina la mwini. Kenako kugwa kuja, pang'onopang'ono, ndi nyimbo yachisoni. Pomaliza sikilini inada, n'kutuluka zilembo zoyera. Dairekita, Macdonald Milanzi. Pansi pake, wothandizira purodyusa, Shamima Jafali.

Ndinene zoona. Kwa kamphindi mtima wanga unadumpha ndi chimwemwe. Zilembozo zinali zokongola kuposa mmene ndinkazilotera. Kenako ndinatembenukira kwa Macdonald.

"Nkhope simunaphimbe."

"Nkhope imeneyo ndiyo filimu. Ndiphimbe chiyani, ndalama ya golide?"

"Nanga dzina la Che Harun? Nambala ya chitseko? Adzawagwira! Ali ndi ana atatu!"

"Popanda zimenezo ndi mayi wolira basi. Joni yadzaza amayi olira, palibe amene amawaonera. Koma munthu wamoyo amene boma likuti anafa, eish, Shamima, imeneyo ndi mphoto."

"Munalonjeza."

"Ine?" Anakhala pampando wake wozungulira, n'kupinda miyendo. "Takumbuka bwino. Ndinati tidzaona pokonza filimu. Taona, ndasankha. Anauza azakhali ako kuti ndine wachibale ndani? Anandiphunzitsa chala cha Che Bwanali ndani? Anachotsa nsalu ndani?" Anatsegula kabati n'kutulutsa pepala lija. "Ndipo S wokongola uyu, wonena kuti mayiyu wamasuliridwa zonse ndipo wavomera, ndi wa ndani?"

Ndinamuyang'anitsitsa.

"Usandiyang'ane choncho, sisi. Zaka khumi ndi chimodzi wotukwanidwa pamsewu ndinali ine. Mdala wa makina uja anandilavulira kumaso, dairekita ali ku Cape Town kulandira chikho. Ntchito ya purodyusa ndi imeneyo: umalonjeza, wina amasankha, iwe umabwerera kukakhala ndi anthuwo. Ine ndinapirira, lero ndili apa. Nawe ukapirira zaka khumi udzapeza kamtsikana kako kokazinga tchipisi."

Unique anali pakona atavala zomvera m'makutu. Sanatembenuke.

"Ndikupemphani, achimwene." Ndinagwada pa simenti. Sindinagwadirepo mwamuna chibadwire. "Chotsani dzina langa, chotsani zonse, koma musatulutse."

"Filimu yonse ituluka mwezi wamawa. Koma kachidutswaka tinakaponya kale pa intaneti." Anayang'ana wotchi. "Maola awiri apitawo. Dzuka, ukudetsa siketi. Lolemba ubwere, kuli wamasiye wina ku Cosmo City, wa ku Machinga ngati iwe. Ameneyo ndikufuna ukhale mdzukulu wake."

Podzuka ndinaona kofiya ya Che Maliki pa tebulo. Anali ataigadabuza ngati mbale. Munali makiyi a galimoto ndi mapepala a switi.

Ndinakhuthulira zonsezo pansi, ndinaika kofiyayo m'chikwama, n'kutuluka. Kumbuyo ndinamva akuseka.

"Lolemba, eyiti koloko! Usachedwe!"

6. Masitepe

Che Sidi anali pa makina awo, koma makinawo sankalira. Foni inali pa nsalu imene ankasoka. Anandiyang'ana kuyambira kumapazi mpaka kumutu. Ndinadikira kuti andikalipire. Anangosuntha miyendo kuti ndidutse.

Ndinakwera, ndinalowa, ndinakhoma chitseko n'kuponya kiyi m'chikwama.

Azakhali anali atakhala tsonga, akusankha mpunga m'lichero. Kwa nthawi yoyamba chimwalirireni amalume, nkhope yawo inali yowala.

"Wabwera msanga, mwana wanga. Tamvera. Mawa ndi sadaka ya masiku makumi anayi. Umuimbire wachibale wathu uja, abwere adzadye nafe. Akhale kutsogolo ndi Che Sidi ndi Che Harun. Anthu aone kuti Che Maliki sanali wopanda abale." Anaseka pang'ono. "Chilankhulireni naye ndikugona bwino. Zinali zitandikhala pachifuwa."

"Azakhali," ndinayamba.

Pamenepo ndinamva mapazi pa masitepe. Anali ambiri, ofulumira. Mwana ankalira. Ndipo pamwamba pa phokoso lonselo pankamveka mawu a mayi, ang'onoang'ono, otuluka m'foni yotsegulidwa mpaka kumapeto, akukwera nsanjika ndi nsanjika kubwera kwa ife.

"Che Harun ali moyo, amakhala pansipa pa nambala thwelofu..."

Dzanja la azakhali linaima mumpunga.

"Shamima, mawu amenewo si anga?"

Chitseko chinagunda katatu, mpaka fumbi kugwa pa felemu.

"Mwanahalima! Tsegula!" Anali a Rukiya, mkazi wa Che Harun. "Tsegula undiuze kuti ana angawa ndiwabise kuti! Tinakubwerekani dzina, inu mwatigulitsa pa kanema!"

"Mwana wanga, tsegula," anatero azakhali monong'ona. "Pali kusamvana penapake. Tsegula tiwafotokozere."

Ndinapisa dzanja m'chikwama kufuna kiyi. Pokoka kiyiyo, kofiya yoyera inatulukira limodzi, inagwa pamkeka, n'kugubuduka mpaka pa bondo la azakhali.

Anaitola. Anaitembenuza. Anachotsamo kapepala ka switi kamene kanamatirira mkati. Kenako anakweza maso, osati kuchitseko, koma kwa ine.

"Imeneyi sinapite ku Halale?"

Chitseko chinagundanso, ndipo kiyi inali m'dzanja langa.